Kuchoka ku Wenela mpaka pa kaphiri ka Marikana

Lachiwiri m'mawa, ku Wenela, Blantyre

Anati basi inyamuka 7 koloko. Pano dzuwa lakwera ndithu koma tikadali pomwepa, chifukwa katundu sakutha kulowa. Matumba a ufa, mpunga wa kilombero, usipa wokulunga m'manyuzipepala, nandolo, zigubu za uchi. Zonsezi zikupita kwa abale a ku Joni amene m'kamwa mwawo mukulakalaka za kumudzi.

Wanga katundu ndi wochepa: kamera, mabatire, kamayikolofoni kokoleka pa kolala, ndi jekete lochindikala limene achemwali andikakamiza kutenga, ati Ogasiti wa ku Joni saseka ndi munthu. Tikiti yadya ndalama yonse ya ukwati umene ndinajambula ku Chilomoni mwezi watha.

Kwa amene simundidziwa, ntchito yondidyetsa ndi kujambula maukwati, zinkhoswe ndi miyambo yovundukula ziliza. Koma pali ina imene sindilandirapo kanthu. Ndikapeza mpata ndimakwera minibasi kupita ku Ntcheu, ku Dedza kapena ku Thyolo kukakhala pakhonde ndi madala amene anagwira ntchito m'migodi nthawi ya Theba, n'kumajambula zimene akukumbukira. Agogo anga aamuna anali mmodzi mwa iwo, ndipo anadzera pompano, pamene bungwe lolemba anthu a kumigodi, lotchedwa Wenela ndipo kenako Theba, linali ndi maofesi ake. Kumayambiriro kwa zaka za m'ma 1970 Amalawi oposa 100,000 anali m'migodi ya ku South Africa. Mu Epulo 1974 ndege ya Wenela inagwa itangonyamuka ku Francistown m'dziko la Botswana, n'kupha Amalawi 74 amene ankabwerera kwawo, ndipo Kamuzu anaimitsa kulemba anthu. Anadzayambiranso mu 1977, koma mu 1988 zinathera pa mkangano wa kuyeza magazi pofufuza HIV.

Zojambulazo zadzaza hard drive koma filimu sikutuluka. Ndili ndi nkhope za madala, mawu awo, chifuwa chawo chosatha chija, koma sindikuona mmene ndingazilukire kuti munthu wosawadziwa akhale pansi mpaka kumapeto. Ndiye chaka chatha mnzanga anandionetsa pa laputopu filimu ya Rehad Desai yotchedwa Miners Shot Down, ya mu 2014, yonena za anthu 34 ogwira ntchito mumgodi amene anali pa sitalaka ndipo apolisi anawawombera n'kuwapha ku Marikana, ku South Africa, pa 16 Ogasiti 2012. Usiku umenewo tulo sitinabwere. Ndikupita kukapondapo ndi mapazi anga pamalopo, ndikaone ndi maso anga dziko limene munthu ameneyu analiika pa kanema.

Injini yalira. Kondakitala wapempha kuti wina atsegule ulendo ndi pemphero, ndipo bambo wina wa suti yaimvi waimirira pakati pa mipando.

Lachiwiri madzulo, Tete

Pa Mwanza ndi pa Zobue tadutsa bwino, kungoti mizere. Anyamata osintha ndalama akuzungulira basi ndi mipukutu ya mametikashi m'manja, aliyense akulumbira kuti wake ndiye mtengo weniweni. Ndasintha zochepa, zogulira madzi ndi buledi.

Ukangotsika mapiri a Zobue mpweya umasintha. Milambe yayamba, udzu wauma mpaka kuyera, mbuzi zili paliponse. Pa Moatize basi yonse inatembenukira kuwindo: milu ya dothi lakuda yopitirira mitengo, fumbi la malasha pamadenga, sitima yosaoneka kumene yathera. Kuti mgodi wa malasha wa kampani ya Vale utseguke kuno, mabanja oposa 1,000 anasamutsidwa, ambiri kupita ku Cateme, kutali ndi mtsinje ndi msika. Mu Januwale 2012 anthuwo anatseka njanji podandaula za nyumba zong'aluka ndi minda yosabereka. Chaka chake ndi chomwecho cha Marikana. Ndinatulutsa kamera, koma galasi la basi linali bii ndi fumbi, ndipo dalaivala sakanaima chifukwa cha munthu mmodzi.

Taima pafupi ndi Zambezi kuti tidye. Nyama ya mbuzi yootcha, tsabola woyaka, ndi buledi wawo uja wolimba kunja, wofewa mkati. Mtsikana wogulitsa amalankhula Chinyungwe, ine Chichewa, ndipo tamvana bwinobwino mpaka wandiikira chidutswa cha chiwindi cha basela. Kukutentha ngakhale ndi Ogasiti. Jekete lija lili pansi pa mpando.

Usiku, pakati pa Nyamapanda ndi Harare

Amene ndakhala nawo mpando umodzi ndi mayi a ku Ndirande, a bizinesi ya mabulangete ndi mapoto. Msewu uno amaudziwa pena paliponse: pogula tomato wa ku Mutoko, poyenera kubisa foni, pamene pali chimbudzi chaukhondo. Ataona ndikupukuta galasi la kamera anafunsa kumene ndikupita. Ndinawafotokozera zonse. Anakhala kaye chete, kenako anati, "Achimwene, ndiye mukuwoloka maiko onsewa kukajambula maliro a eni ake? A kwanu munamaliza?"

Ndinayankha kuti sindikukajambula maliro, ndikukaphunzira. Anangogwedeza mutu, n'kundipatsa dzira lowiritsa ndi mchere wokulunga m'kapepala. Funso lawolo landikhala pamtima msewu wonse.

Munthu amene ndikutsata mapazi akeyu nayenso anakulira kwa eni. Bambo ake, Barney Desai, anali womenyera ufulu amene anathawa boma la tsankho, ndipo Rehad anakulira ku England. Anadzaphunzira mbiri yakale pa University of Zimbabwe, mumzinda umene magetsi ake tikuwaona kutsogoloku, n'kubwerera ku South Africa mu 1990. Asanagwire kamera anagwirapo ntchito m'mabungwe a anthu apantchito. Filimu yake ya mu 2004, Born into Struggle, ndi ya bambo ake omwewo: ngwazi pamaso pa gulu, koma kunyumba ana akusenza goli la ndalezo. Ine zimenezi ndimazitenga kuti ndi zazikulu. Munthu amene anayamba waloza kamera m'nyumba ya kwawo, osabisa zowawa za momwemo, ndimamukhulupirira akailoza pakhomo pa ena.

Mu Harare talowa pakati pa usiku. Chilichonse kuno ndi dola imodzi: tiyi ndi banzi dola, madzi dola. Bambo amene amatithira tiyi atamva tikulankhula anaika ketulo pansi n'kunena kuti, "Muli bwanji a kumudzi?" Makolo awo anachoka ku Machinga kudzagwira ntchito m'mafamu, iwo anabadwira kuno, ku Malawi sanapondeko. Anafunsa ngati nyanja ya Chilwa ikadali ndi matemba. Kapu yachiwiri anakana ndalama.

Lachitatu, Beitbridge

Tsiku lonse lathera pamsewu wa Masvingo ndi pamzere. Miyendo yatupa, msana ukuwawa, ndipo madzi sanandikhudze chichokereni ku Blantyre. Pano atitsitsa tonse, katundu yense pansi, chikwama chilichonse chitsegulidwe. Ufa uja, usipa uja, zonse zili mbwee pa simenti, eni ake ataima pambali manja ali m'chiuno.

Mantha ndinali nawo, sindibisa. Pasipoti ya Malawi imapatsidwa masiku osapitirira 30, ndipo pamzere aliyense akunong'ona za wina amene anapatsidwa ochepa kapena anabwezedwa kumene. Ine mantha anga anali pa kamera. Ndikatchula Marikana, funso lotsatira likhala lotani? Atandifunsa ndinati ndikukaona msuweni wanga ku Johannesburg, zimenenso ndi zoona. Chidindo chinagwa, ndipo ndinatuluka pakhomopo malovu atauma.

Limpopo tawoloka kutayamba kuda. Madzi ndi ochepa, mchenga wokhawokha. Mnyamata wa ku Mangochi amene wakhala kumbuyo kwathu, ulendo wake woyamba, analoza kumunsi n'kunena kuti mkulu wake anadzera mmenemo wapansi, usiku, madzi ali m'chiuno. Palibe anamuyankha. Titadutsa Musina kuzizira kunayamba kuluma, ndipo mayi a ku Ndirande aja anatulutsa chitenje chawo n'kumuponyera kuti afunde.

Lachinayi, Johannesburg

Pa Park Station tafika kukucha, mpweya ukutuluka ngati utsi m'kamwa. Msuweni anali kale pachipata, chipewa chitaphimba makutu. Amakhala ku Mayfair, m'chipinda cha kuseri kwa shopu, iye ndi anzake atatu. Ndasamba madzi otentha a m'ketulo, ndadya nsima ya ufa umene ndabwera nawo ndi mazira, ndagona mpaka dzuwa kupendeka.

Madzulo anyamata atabwera kuntchito ndinawaikira filimu ija. Mmodzi ndi telala, wina amasamalira maluwa pakhomo pa mzungu ku Randburg, wina amathira mafuta m'magalimoto. Telalayo anali kale kuno mu 2012. Isanayambe anati, "Ife tinaonera pa TV tsiku lomwelo. Anthuwo anathamangira apolisi ndi zikwanje, apolisi n'kudziteteza." Ndi mmenenso apolisiwo ananenera, ndipo mkulu wawo panthawiyo, Riah Phiyega, anawayamikira patangopita masiku ochepa.

Apa ndi pamene pagona luso la Desai, ndipo lero ndaliona bwino kuposa kale, mwina chifukwa ndimayang'ana nkhope za anyamatawa kuposa laputopu. Iye salalikira. Amatenga sabata ya sitalakayo n'kuiyala tsiku ndi tsiku, ola ndi ola. Zithunzi zambiri si zake. Zina anajambula ndi atolankhani a TV, zina apolisi eni ake, zina alonda a kampani ya Lonmin, mwini mgodiwo panthawiyo, ndipo zambiri zinatulukira pa kafukufuku wa komishoni ya Farlam, imene boma linakhazikitsa kuti ifufuze za imfazo. Ntchito yake inali kuzisaka, kupenda kuti ichi chinajambulidwa nthawi yanji, ndani anaima pati, n'kuziika pamzere. Zikakhala pamzere, nkhani ya apolisi ija imagwa yokha. Umaona anthu akupempha chinthu chimodzi tsiku lililonse: abwana abwere tidzakambirane. Umaona Joseph Mathunjwa wa bungwe la antchito a kumigodi la AMCU atagwada pansi kuwachonderera kuti achoke pa kaphiri pamene ankasonkhana poti zinthu zaipa. Umaona anthu akutsika pang'onopang'ono kulowera kwawo ku Nkaneng, waya waminga ukutambasulidwa kuwatsekera njira, magalimoto a apolisi akuwakankhira pampata umodzi, ndipo kutsogolo kwa mpatawo kuli mzere wa mfuti za mtundu wa R5. M'mawa wa tsiku limenelo apolisi anali ataitanitsa kale magalimoto 4 onyamula mitembo ndi zipolopolo zina 4,000.

Itatha, m'chipinda munali zii. Telala uja anadzuka kukaika madzi pamoto, ndipo atatifulatira anati, "Ndiye zaka zonsezi ndakhala ndikuwanamizira anthu akufa."

Chimene anyamatawa sankadziwa n'chakuti filimuyi inaonetsedwa m'maiko ambiri, inapata mphoto ya International Emmy mu Novembala 2015, koma ma TV akuluakulu a dziko lino anakhala akuizemba. Desai ndi anzake a Marikana Support Campaign ankainyamula okha kupita nayo m'maholo, m'mayunivesite ndi m'makomboni. Anthu anasainira zikalata zokakamiza SABC ndi e.tv, mpaka e.tv inadzaionetsa mu Januwale 2016. Ife ojambula timaona ngati ntchito yatha tikamaliza editing n'kupereka kwa mwini ukwati. Kwa munthu uyu, pamenepo m'pamene ntchito ina inkayambira.

Lachisanu, mu taxi ya ku Rustenburg

Taxi za kuno zili ndi malamulo ake. Suitana ndi pakamwa, umaimika chala, ndipo kaimikidwe kalikonse kali ndi kumene kakupita. Ukakhala kutsogolo pafupi ndi dalaivala, ndalama za anthu onse zimadzera m'manja mwako, chenji uwerengere ndiwe. Msuweni anandichenjeza, ndiye ndinakhala kumbuyo. Tadikira kuti idzaze mpaka dzuwa kufunda. Ndalipira R150 ndi kenakake pamwamba.

Mapiri a Magaliesberg akangotha, dziko limasanduka la migodi. Nsanja zachitsulo zotsitsira anthu pansi, chumuni chotulutsa utsi, milu ya miyala yogayidwa, mawaya a magetsi opingasana mlengalenga. Pansi pa dera lino ndi pamene pali platinum wambiri padziko lonse, chitsulo chimene chimaikidwa m'magalimoto kuti chichepetse poizoni wa utsi. Anthu obowola miyala, amene amagwira makina olemera onjenjemera m'malo opanikiza pansi penipeni, ankalandira pakati pa R4,000 ndi R5,000 pamwezi mu 2012. Ankafuna R12,500. Ambiri anali ochokera ku Eastern Cape ndi ku Lesotho, osiya akazi ndi ana kumudzi, odyetsa makomo awiri ndi malipiro amodzi. Ndondomeko yake ndi yomweyo imene inatenga agogo anga.

Pa Rustenburg ndakwera ina yobwerera kum'mawa. Dzina la Lonmin silikuonekanso pazikwangwani, chifukwa mu 2019 kampaniyo inagulidwa ndi Sibanye-Stillwater. Marikana ndi tauni yaing'ono ya fumbi: mashopu, malo obwereketsa ndalama, malo omwera mowa, njanji. Ndapeza chipinda chogona, ndadya pap ndi nyama ya R60. Pap wawo ndi wolimba, wa mphumphu, koma njala siisankha. Usiku uno ndatsekera chitseko ndi mpando. Palibe wandiopseza, koma ndili ndekha ndipo chinenero cha kuno sindichimva.

Loweruka, Nkaneng ndi pa kaphiri

Mphepo ya Ogasiti kuno imanyamula fumbi n'kukuthira m'mano. Ndalawirira kupita ku Wonderkop, kenako wapansi kulowa mu Nkaneng. Nyumba ndi zamalata, pansi mpaka pamwamba, zina zotsindikiza madenga ndi miyala ndi matayala. Tinjira tathina, madzi akuda akuyenda pakati, zimbudzi zokumba zapendekeka. Ukakweza maso umaona nsanja ya mgodi ndi magetsi ake akuyaka masana. Mu 2006 Lonmin inalonjeza kumanga nyumba 5,500 za antchito ake. Pofika 2012 inali itamanga 3.

Ndinaima pa mayi wina wokazinga mandasi, kuno amati magwinya, R3 limodzi. Ndi a Chixhosa. Chingerezi chinatithera pakati, ndiye ndinayesa timawu ta Chifanakalo, chinenero cha kumigodi, timene agogo ankatikalipira nato tili ana. Mayiwo anaseka mpaka kugwira m'mimba, anafunsa kwathu, ndipo atamva kuti Malawi anandikokera kreti kuti ndikhale. Nditatchula kaphiri, kuseka kunatha. Analoza chikwama changa. "Kamera ikhale mmenemo kaye, mwana wanga. Anthu atopa nazo." Kenako anaitana mwana wa mchemwali wawo kuti andiperekeze, ati mlendo sayenda yekha kumeneko.

Kaphiri kake n'kakang'ono moti kukanakhala ku Dedza ana akanamakwerapo pothamangitsa mbuzi, osakapatsa n'dzina lomwe. Pa filimu kamaoneka kakakulu chifukwa panadzaza anthu pafupifupi 3,000. Ndi mwala chabe wofiirira pakati pa chigwa cha udzu wouma. Mawaya a magetsi akulira pamwamba, ng'ombe zikudya m'munsi, mapepala apulasitiki akodwa paminga.

Tinakwera pamwamba. Kuchokera pamenepo zonse zimene ndinaziona pa laputopu zinakhala pamalo pake: uko ndi kumene kunaima magalimoto a apolisi, umo ndi mmene munadutsa waya, iyo ndi njira ya ku Nkaneng. Ndinatsika n'kuyenda njira imene anthuwo anayenda, mpaka pamene panali khola la ng'ombe. Ndi mtunda woti munthu satuluka n'thukuta lomwe. Nyumba zoyamba za Nkaneng zili pafupi moti ukhoza kuitana mwana n'kukumva. Apa anawombedwa anthu 17 amene anafa, m'masekondi ochepa chabe. Mmodzi mwa iwo anali Mgcineni Noki, amene anzake ankamutcha Mambush, uja wa bulangete lobiriwira amene pa filimu amaoneka akulankhula ndi apolisi tsiku ndi tsiku.

Kenako mnyamatayo ananditengera kwina, kuseri, pa timiyala tosanjikizana ndi zitsamba zaminga. Kuno kunalibe kamera ya TV. Anthu ena 17 anafera kuno, ena atabisala m'mipata ya miyala. Za malo ano zinatuluka chifukwa cha ofufuza a ku University of Johannesburg motsogozedwa ndi Peter Alexander, komanso wojambula zithunzi Greg Marinovich, amene anabwera kudzawerenga zilembo zimene apolisi anapaka pamiyala posonyeza pamene panagona mtembo. Ku komishoni kunadzaoneka zithunzi ziwiriziwiri za mitembo yomweyo: chojambulidwa kukuwala, pambali palibe chida, chojambulidwa usiku, chida chili pafupi ndi dzanja.

Ndinalowa mumpata umodzi wa miyala n'kukhala pansi. Munthu wamkulu amakwanamo atapinda mawondo, mutu atauweramitsa. Mwala ndi wozizira kumsana, ndipo kunja umangoona kachidutswa ka thambo ndi nthambi. Mtima unayamba kuthamanga, ndinatuluka msanga. Mnyamata uja anali atakhala patali, akuthyolathyola udzu.

Zitachitika zimenezi, anthu 270 amene anagwidwa tsikulo ndi amene anaimbidwa mlandu wopha anzawo, mpaka dziko litakuwa m'pamene mlanduwo unachotsedwa. Lipoti la Farlam linatuluka mu Juni 2015. Pofika 2022, patatha zaka 10, panalibe wapolisi ngakhale mmodzi amene khoti linamupeza wolakwa pa imfa za pa 16 Ogasiti.

Pali amene amati Desai anatenga mbali, poti analinso wolankhulira gulu loimira mabanja a ophedwawo. Ndi zoona, ndipo iye sabisa. Koma filimu yake sinakwirire imfa za masiku am'mbuyo, pamene anthu 10 anafa, kuphatikizapo apolisi awiri ndi alonda awiri a kampani. Inapatsanso mpata Cyril Ramaphosa, amene panthawiyo anali mmodzi mwa madayirekitala a Lonmin, kuti alankhule yekha pa kamera. Makalata ake a imelo a pa 15 Ogasiti, otcha zochitikazo kuti ndi zaupandu ndi kupempha kuti boma lichitepo kanthu, anawerengedwa poyera ku komishoni. Komishoniyo sinamupeze wolakwa, ndipo mu 2017 anapepesa chifukwa cha mawu amene anagwiritsa ntchito. Kwa ine kutenga mbali si vuto. Vuto likanakhala kuchotsa chithunzi chimodzi pa ola lake n'kuchiika pena kuti nkhani ikome. Ndayenda pamalopo lero, ndipo zimene anaika pa kanema zikugwirizana ndi nthaka.

Titabwerera, mayi aja anali atandisungira tiyi m'kapu yachitsulo. Nditamwa anaimirira, anapukuta manja pa epuloni, n'kunditsogolera kuseri kwa nyumba zingapo. Panali mpopi umodzi, ndowa ndi zigubu zitandandalika mzere, madzi akutuluka modontha. "Tsopano tulutsa kamera yako. Jambula ichi." Amayi a pamzerewo anavomera, wina anakonza duku lake. Ndinagwada pamatope n'kujambula chigubu chachikasu chikudzaza, kuyambira pansi mpaka pakamwa, osadula. Mnyamata uja ndinafuna kumupatsa kangachepe, anakana, koma analola kuti ndimugulire airtime.

Lamulungu usiku, Mayfair

Ndabwerera thupi lonse likuwawa, nsapato zili zofiira ndi dothi la Nkaneng. Anyamata aphika nsima ndi usipa wa m'basi muja, ndipo telala wafunsa mafunso mpaka ndiwo kuzizira. Akufuna kuti sabata yamawa tidzaonetse filimuyo kwa anzake a kumzikiti ndi a kutchalitchi cha pafupi, pakhoma la kuseri kwa shopu, ngati mwini wake alola.

Desai sanathere pa Marikana. Kudzera mu kampani yake ya Uhuru Productions anadzajambulanso za ophunzira a ku yunivesite ya Wits amene ankalimbana ndi kukwera kwa fizi mu 2015 ndi 2016, ndiponso za banja la Gupta ndi kubedwa kwa chuma cha boma nthawi ya Jacob Zuma. Nkhani ndi zosiyana koma kagwiridwe n'kamodzi: kukhala ndi anthu nthawi yaitali, kenako kukatenga zimene amphamvu analemba ndi kujambula okha, n'kuziika pambali pa mawu a anthuwo.

Mbali yachiwiriyi ndi imene ikusowa mu hard drive yanga. Madala anga ali ndi nkhani, koma aliyense akamaliza kulankhula amalowa m'nyumba n'kutulutsa jumbo ya mapepala: kontrakiti yong'ambika, khadi lofufuma, nambala ya kumgodi imene amaitchula pamtima ngakhale aiwale chaka chimene anabadwa. Ine ndakhala ndikuwauza kuti agwire mapepalawo bwino ndijambule nkhope. Chonsecho nkhani ili m'mapepalamo. Mu 2018 makampani a migodi ya golide anavomera kulipira R5 biliyoni kwa anthu amene anadwala matenda a m'mapapo a silicosis ndi TB chifukwa cha fumbi la pansi, ndipo mu 2020 anakhazikitsa Tshiamiso Trust yoyendetsa ndalamazo. Kuti munthu alandire, pamafunika umboni wakuti anagwira mgodi wakuti, zaka zakuti. Mdala wa ku Ntcheu amene mapepala ake anadyedwa ndi chiswe amayambira pati?

Mabuku akale a Theba amasungidwa ku laibulale ya University of Johannesburg, ku Doornfontein. Ndawalembera imelo kupempha kuti ndikaone zokhudza Malawi, ndipo ndakopera m'kabuku manambala a madala onse amene anandilola. Tikiti yobwerera ndaisuntha. Zikutanthauza kuti chinkhoswe cha Loweruka ku Bangwe ajambula ndi mnzanga, ndipo ndalama ya chakudya iyenera kutambasuka. Msuweni wati za nsima ndisadandaule. Wandilembera papepala poimira taxi ya m'tauni ndi poti ndikatsike, ndipo telala akusita shati langa kuti mawa ndikalowe pachipata cha yunivesite ndikuoneka munthu.